Joyce Mhango Chavula ndi Njira ya Mkazi wa Zisudzo mu Kanema wa ku Malawi

Joyce Mhango Chavula ndi mmodzi mwa amayi ochepa a ku Malawi amene dzina lawo lamveka kunja kwa dziko lino chifukwa cha mafilimu. Amasewera, amalemba nkhani, amatsogolera kujambula, ndiponso amasaka okha ndalama zoti ntchitoyo itheke. M'mwezi wa Malichi 2016, mumzinda wa Lagos ku Nigeria, filimu yawo yotchedwa Lilongwe inalandira mphoto ya filimu yopambana ya kum'mwera kwa Africa pa mpikisano wa Africa Magic Viewers' Choice Awards. Aka kanali koyamba kuti mphoto ya mpikisanowu ibwere ku Malawi. Mafilimu awiri amene anapikisana nayo, Ayanda ndi Tell Me Sweet Something, onse anachokera ku South Africa, kumene kuli sukulu zophunzitsa za kanema, makampani akuluakulu ndi thumba la boma lothandiza opanga mafilimu. Mayi Chavula analibe pogwira potere.

Mbiri yawo siingamveke bwino popanda kuyamba ndi kumene akazi a zisudzo a m'dziko muno amachokera. Pafupifupi onse amene anaonekera m'mafilimu athu oyamba sanaphunzirire pa kamera. Anaphunzirira pa nsanja.

Dziko la Malawi linalibe wailesi ya kanema mpaka mu 1999. Zithunzi zoyenda zimene anthu a kumudzi ankazidziwa zinali za magalimoto a unduna wofalitsa nkhani, amene ankafika madzulo pabwalo la sukulu, kupachika chinsalu, n'kuonetsa za ulimi wamakono ndi maulendo a Kamuzu. Sewero lenileni linkamveka pa wailesi ya MBC, m'mapologalamu monga Sewero la Sabata Ino, Kapalepale ndi Pamajiga, ndipo linkaoneka ndi maso m'maholo a sukulu ndi a m'tauni. Lamulo la mu 1968 loyang'anira zosangalatsa anthu linkafuna kuti sewero liyambe launikidwa ndi bungwe la boma lisanaonetsedwe pagulu. Olemba anazolowera kulankhula mokuluwika, oonera nawo anazolowera kumva zimene sizinatchulidwe.

Mpikisano wa zisudzo wa m'sukulu za sekondale, wokonzedwa ndi bungwe la aphunzitsi a Chingerezi la ATEM, unayamba mu 1969. Cholinga chake chinali chakuti ana azolowere kulankhula Chingerezi, koma unabala zimene eni ake sanaziyembekezere. Kumeneko n'kumene kunatulukira Du Chisiza Jr mu 1982, ali pa sukulu ya HHI ku Blantyre, ndi sewero lake la The Deceased's Attack. Atabwerako ku maphunziro ku America anayambitsa Wakhumbata Ensemble Theatre mu 1987, gulu loyamba m'dziko muno lomwe linaumirira kuti zisudzo ndi ntchito yoti munthu n'kudyerapo. Pambali pake panali gulu la Kwathu, lochita masewero m'Chichewa, kwawo kwa Izeki ndi Jakobo. Lamulungu masana anthu a ku Blantyre ankathithikana pa French Cultural Centre, ena ataima, kudzaona sewero latsopano.

Mtsikana wolowa m'magulu amenewa ankakumana ndi zokhoma zimene mnyamata sankazidziwa. Gulu la zisudzo limayenda: lero Zomba, mawa Lilongwe, mkuja Mzuzu, kugona m'nyumba zotchipa zogona alendo pamodzi ndi amuna osakhala abale. Makolo ndi apongozi ankati mkazi wolongosoka sayenda motero. Oonera nawonso ena samatha kusiyanitsa munthu ndi mbali imene wasewera, moti wosewera mkazi wolanda mwamuna wa mwini ankalozedwa zala pamsika ngati analandadi. Atsikana ambiri aluso anasiyira panjira, ena atangomaliza sukulu, ena atangolowa m'banja.

Amene anakana kusiyira panjira, ndipo anakana poyera, anali malemu Gertrude Webster Kamkwatira. Du Chisiza atamwalira mu 1999, iwo ndiwo anatenga utsogoleri wa Wakhumbata, kenako anachoka n'kuyambitsa gulu lawolawo la Wanna-Do. Analemba masewero oposa khumi, mwa iwo It's My Fault ndi Jesus' Retrial, ndipo anatsogolerapo bungwe la a zisudzo la NTAM komanso bungwe loteteza eni luso la COSOMA. Anamwalira mu 2006 ali ndi zaka pafupifupi 40. Chachikulu chimene anasiya si masewero okhawo. Anaonetsa kuti mkazi angathe kukhala mwini gulu, wolemba nkhani, wolamula pa nsanja ndi wosunga thumba, m'malo mongodikira kuti amuna amuitane kudzasewera mayi wolira maliro kapena chibwenzi cha abwana.

Mayi Chavula anadzera njira yomweyi. Anayambira ku mpikisano wa ATEM ali ku sekondale, analowa m'magulu a Reformation ndi Alabama, kenako anafika ku Wanna-Do. Chitsanzo cha Mayi Kamkwatira n'chimene chinawalimbitsa mtima mu 2009, pamene anasiya ntchito yolembedwa, yoyang'anira za malonda pa kampani ina yofalitsa nkhani, n'kuyambitsa gulu lawo la Rising Choreos. Aliyense wodziwa mmene ntchito ya malipiro a pamwezi imasowera kuno, ndi kuchuluka kwa abale odalira malipiro amodziwo, adziwa kuti chiganizo chotere anthu samachiwombera m'manja tsiku loyamba.

Ntchito imene inawadziwitsa kwa anthu ambiri inali sewero la The Return la mu 2011. Pa seweroli anaitanitsa Patience Ozokwor wa ku Nigeria, amene Amalawi amamudziwa kuti Mama G, kudzasewera pamodzi ndi Amalawi m'zigawo zonse zitatu. Apa n'pamene pakuonekera kuti mayiwa amadziwa kuwerengera. Pofika nthawi imeneyo mafilimu a ku Nigeria anali atalowa m'nyumba iliyonse yokhala ndi sikirini ndi m'chisakasa chilichonse choonetsera vidiyo, ndipo nkhope ya Ozokwor, mpongozi wankhanza wa m'mafilimu osawerengeka, inkadziwika ngakhale kwa ana osadziwa kumene Lagos ali. Kubweretsa munthu wotere kumafuna tikiti ya ndege, hotela, malipiro ake ndi lendi ya maholo, zonse zolipiriratu pakhomo pasanadutse munthu ndi mmodzi yemwe. Likanakhala kuti anthu sanabwere, ngongole yonse ikanagwera mutu umodzi.

Ubale ndi a ku Nigeria unawatsegulira khomo la kamera. Anasewera m'mafilimu awiri otsogoleredwa ndi Desmond Elliot, Reflections ndi Kamara's Tree. Kwa munthu wochokera ku Malawi, phindu la malo otere linali kuona mmene ntchitoyo imagwiridwira. Kuyambira pa Living in Bondage ya mu 1992, a ku Nigeria anali atatsimikiza kuti filimu itheka ndi kamera ya vidiyo, anthu ochepa, nyumba zobwereka ndi masabata owerengeka, popanda kudikira boma kapena azungu. Njirayi ili ndi zofooka zake, monga mawu osamveka bwino ndi nkhani zobwerezabwereza, komabe kwa dziko losauka inali njira yokhayo yooneka kuti n'kuyendeka.

Kuno kumudzi nako zinthu zinali zitayamba kusuntha. Mu 2008 Shemu Joyah, amene ntchito yake yeniyeni ndi yoyeza malo, anatulutsa Seasons of a Life, nkhani ya mtsikana wantchito za m'nyumba amene abwana ake amupatsa pakati, mwana n'kukathera m'manja mwa abwanawo, iye n'kudzabwerera patapita zaka ataphunzira zamalamulo kudzamenyera mwana wake kukhoti. Flora Suya ndiye anasewera mtsikanayo, ndipo dzina lake linalowa m'gulu la opikisana pa mphoto za Africa Movie Academy Awards mu 2010. Pa mpikisano womwewo Tapiwa Gwaza, wa mu filimu yomweyi, anapambana mphoto ya mkazi wosewera bwino mbali yothandizira. Ndi bwino kukumbukira kuti ulemu woyamba waukulu umene kanema wa ku Malawi anaulandira pa luso la kusewera unadzera mwa mkazi. Mu 2012 a Joyah anatulutsa The Last Fishing Boat, yojambulidwa m'mbali mwa nyanja ku Mangochi, ndipo Mayi Chavula anagwira nawo ntchito pa filimuyi, monganso anachitira pa B'ella ya Tawonga Taddja Nkhonjera ya mu 2014.

Kuchoka pa nsanja kupita pa kamera si kusamuka wamba, ndipo apa mpofunika kuimapo pang'ono. Pa nsanja wosewera amalankhulira munthu wokhala kumpando wakumapeto kwenikweni, mu holo yopanda zokuzira mawu, mwina mvula ikuwomba pa malata. Mawu ayenera kuchokera m'mimba, manja atambasuke, chisoni chioneke ndi thupi lonse. Kamera imadana nazo zimenezo. Ikayandikira nkhope, kuphethira kamodzi kapena kumeza malovu kwanena kale zonse, ndipo china chilichonse chowonjezerapo chimaoneka chabodza. Mafilimu ambiri oyamba a kuno anagwera pamenepa. Anali masewero a pa nsanja ongoikidwa kutsogolo kwa kamera, mwamuna ndi mkazi akukambirana za m'banja pabalaza mokuwa ngati akuitana munthu ali kutsidya kwa dambo.

Chinanso n'chakuti filimu sijambulidwa motsata nkhani. Ngati nyumba yobwereka ikupezeka Lachiwiri lokha, zonse zochitikira m'nyumbamo zijambulidwa tsiku lomwelo: m'mawa wosewerayo ndi mkwatibwi, masana ndi wamasiye, madzulo abwererenso ku chisangalalo cha ukwati. Alira koyamba kamera ili patali, alirenso ili pafupi, alirenso kachitatu chifukwa tambala analira kuseri kwa nyumba kapena chigayo cha pafupi chinalizidwa mawu ali mkati. Mfundo ya duku iyenera kukhala mbali yomwe inali dzulo, ndipo tiyi wa m'kapu asachepe kapena kuchuluka pakati pa chiganizo chimodzi. Magetsi akazima onse amakhala pansi kudikira jenereta, ndipo ikamalira ndiye kuti dzuwa limene linali paphewa pa wosewera lasuntha kale. Palibe oonera oti aseke kapena kuusa moyo kuti wosewera adziwe ngati zikugwira mtima. Amangodalira diso la wotsogolera. Munthu amene anakhalapo mbali zonse ziwiri za kamera, monga Mayi Chavula, amadziwa ululu wa wosewera pamene akumuuza kuti abwereze kachisanu, komanso amadziwa kuti ola lililonse lobwereza likudya ndalama za mawa.

Filimu yoyamba yaitali imene anaitsogolera okha ndi No More Tears ya mu 2013, yojambulidwa ku Lilongwe ndi m'mbali mwa nyanja ku Salima. Ndi nkhani ya mtsikana wa zaka 20 amene mayi ake amwalira ndi Edzi, iye n'kutsala akusamala bambo ake odwala. Bambowo atatsikira kulichete, abale awo akhamukira pakhomo kudzatenga katundu, mwana n'kutsala manja ali m'khosi. Nkhaniyi si yopeka kwenikweni kwa Mmalawi aliyense amene anakhalapo pa zokambirana za pambuyo pa maliro. Nyumba ya Malamulo inali itangokhazikitsa lamulo latsopano la chuma cha masiye mu 2011, lomwe linanena mosabisa kuti kulanda chuma chotere ndi mlandu, koma lamulo lolembedwa ku Lilongwe limatenga zaka kuti lifike pa bwalo la mfumu. Kenako kunabwera Lilongwe mu 2015, imene inatenga mphoto ya ku Lagos ija, ndi Nyasaland, imene inachititsa kuti dzina la Mayi Chavula lilowe pa mndandanda wa opikisana pa Africa Movie Academy Awards mu 2018 monga wosewera mbali yothandizira. Chaka chomwecho Nyasaland inaonetsedwa ku America pa chikondwerero cha Silicon Valley African Film Festival. Pambali pa zonsezi anakhalapo wachiwiri kwa mtsogoleri wa bungwe la NTAM komanso wa bungwe la opanga mafilimu la FAMA.

Woyang'ana mndandanda umenewu angadabwe kuti n'chifukwa chiyani munthu amene anayamba ngati wosewera anathera pa kulemba, kutsogolera, kusaka ndalama ndi kukhala m'makomiti. Yankho lili m'thumba. Ku Malawi malo oonetsera kanema olipiritsa pakhomo ndi osowa. Filimu imapeza ndalama tsiku loikhazikitsa mu holo ya hotela, mwinanso pa maulendo awiri kapena atatu oionetsa m'mizinda. Ikangotuluka pa DVD, mawa lake ili kale pa kompyuta ya mnyamata wa pamsika amene amaiwotchera pa ma CD kapena kuiika pa memori khadi pa mtengo wa ndiwo zamasamba, mwini wake osaonapo ngakhale tambala. Mawailesi a kanema nthawi zambiri sagula filimu; amayembekezera kuti mwini wake apeze yekha kampani yolipirira nthawi. Lamulo la umwini wa luso la mu 2016 linabweretsa msonkho pa zipangizo zosungira nyimbo ndi zithunzi, umene COSOMA imagawira eni luso, ndipo limeneli ndi sitepe labwino, koma silingalipire kujambula filimu yathunthu.

Otsala ndi mabungwe othandiza, amene amapereka ndalama pofuna uthenga: Edzi, maukwati a ana, nkhanza za m'banja. Nkhani zimenezi n'zofunika, ndipo ndalama zake zasunga a zisudzo ambiri. Koma zili ndi vuto limodzi kwa mkazi wosewera. Mbali imene amapatsidwa imakhala yomweyomweyo, ya wozunzidwa amene alira mpaka mlangizi atafika kudzamuwombola. Mkazi woseketsa, wadyera, wanzeru zoipa, wolakwa koma wokondedwa, sapezeka kawirikawiri mu filimu yolembedwa motsata fomu ya wopereka thandizo.

Kuchepa kwa ntchito kumaonekera bwino pa a Joyah omwe. Mafilimu awo atatu odziwika anatuluka mu 2008, 2012 ndi 2017. Yachitatuyo, The Road to Sunrise, mmene Mirriam Phiri ndi Chantelle Phiri anasewera akazi awiri oyendayenda a mu Blantyre, inatenganso mphoto ya ku Lagos mu 2018 ndipo inali filimu yoyamba imene Malawi anatumiza ku mpikisano wa Oscar. Ngati wotsogolera wotchuka chotere amatulutsa filimu imodzi pa zaka zinayi kapena zisanu, mkazi wongodalira kuitanidwa adya chiyani pa zaka zapakatizo? N'chifukwa chake Flora Suya nayenso anayamba kupanga mafilimu akeake, monga My Mother's Story ya mu 2016. Lily Banda anadzera khomo lina, la filimu ya ndalama zakunja, The Boy Who Harnessed the Wind ya Chiwetel Ejiofor ya mu 2019, yojambulidwa ku Kasungu, koma mwayi wotere sugwa chaka chilichonse. Mkazi amene wakhalitsa mu kanema wa kuno ndi amene anadzilembera yekha ntchito.

Pali dziko lina limene kanema wake anatchuka ali pa umphawi, ndipo kuliyang'ana kumathandiza kuona chimene chikusowa kuno. Dzikolo ndi Italy wa mu 1945, ndipo mkazi woyenera kumutchula ndi Anna Magnani. Iye anabadwira ku Rome mu 1908 ndipo analeredwa ndi agogo ake aakazi. Monga akazi a zisudzo a kuno, anakulira pa nsanja: anaphunzira pa sukulu ya zisudzo ya Eleonora Duse, anaimba m'malo achisangalalo a usiku, ndipo m'zaka za nkhondo ankaseketsa anthu pamodzi ndi katswiri wa nthabwala Totò. Sanali wokongola mwa muyeso wa opanga mafilimu a nthawiyo. Anali wa tsitsi losapesa, wa maso otupa, wa mawu okhuthala, wolankhula chinenero cha m'misika ya Rome. Mbiri inamupeza ali ndi zaka 37.

Roberto Rossellini anayamba kujambula Roma città aperta mu Januwale 1945, nkhondo isanathe kumpoto kwa dzikolo. Situdiyo yaikulu ya Cinecittà inali itasanduka msasa wa othawa nkhondo, tepi yojambulira inkapezeka mwa zidutswazidutswa, magetsi anali osadalirika. Anajambula zambiri m'misewu ndi m'nyumba zenizeni. Magnani anasewera Pina, mayi wamasiye woyembekezera, amene tsiku la ukwati wake wachiwiri asilikali a Germany azinga nyumba yonse n'kukweza mwamuna woti amukwatire mu lole. Pina akankha asilikali omugwira, atulukira pachipata, athamangira loleyo dzanja lili m'mwamba akufuula dzina la mwamunayo, mfuti ilira, iye agwa pakati pa msewu, kamwana kake kovala za utumiki wa kutchalitchi n'kudzigwetsa pa mtembo. Zonsezi sizitha ngakhale mphindi ziwiri, ndipo zichitika filimu ili pakati, pamene woonera sakuyembekezera kuti mwini nkhani angafe. Nkhaniyi inachokera pa imfa yeniyeni ya Teresa Gullace, mayi amene anawomberedwa mu Rome mu Malichi 1944 akufuna kufika kwa mwamuna wake wogwidwa. Filimuyi inalandira mphoto ku Cannes mu 1946.

Kuchokera pamenepo Magnani sanasowe ntchito kwa zaka zambiri. Anapambana ku Venice mu 1947 ndi L'onorevole Angelina, anasewera mu Bellissima ya Luchino Visconti mu 1951, ndipo mu 1956 anakhala Mtaliyana woyamba kulandira Oscar ya mkazi wosewera bwino, chifukwa cha The Rose Tattoo, nkhani imene Tennessee Williams anailemba akuganiza za iye. Mu 1962 anasewera mu Mamma Roma ya Pier Paolo Pasolini. Anamwalira ku Rome mu Sepitembala 1973.

N'kosavuta kunena kuti ngati Ataliyana anatha popanda kanthu, Amalawi alekerenji. Koma Italy wa mu 1945 anali wosweka, osati wopanda kanthu. Chikondwerero cha mafilimu cha ku Venice chinalipo kuyambira 1932, sukulu ya boma ya kanema ya Centro Sperimentale kuyambira 1935, Cinecittà kuyambira 1937, ndipo nyumba zoonetsera kanema zinali zikwizikwi, tauni iliyonse yakeyake. Ojambula, olumikiza zithunzi ndi okonza mawu odziwa ntchito analipo kale, ankangodikira tepi. Mafilimu a ku America atasefukira pamsika nkhondo itatha, a zisudzo anasonkhana pa bwalo la Piazza del Popolo mu Febuluwale 1949, Magnani ali m'gulu la olankhula, kupempha boma kuti lichitepo kanthu. Lamulo la chaka chimenecho, lodziwika ndi dzina la Giulio Andreotti, linaika ndalama yolipira pa filimu yakunja iliyonse yomasuliridwa m'Chitaliyana, ndalamazo n'kumakongozedwa kwa opanga mafilimu a m'dzikomo, ndipo nyumba za kanema zinkakakamizidwa kuonetsa mafilimu a kwawo masiku 80 pa chaka. Thandizolo silinali laulere, chifukwa boma linapeza mpata wosuzumira m'nkhani zisanajambulidwe, ndipo Andreotti mwiniwake anadzudzula poyera Vittorio De Sica kuti akuyalutsa dziko poonetsa umphawi. Opempha thandizo la boma kuno ayenera kuikumbukira mbali imeneyi. Komabe zotsatira zake zinali zakuti Magnani anatha kukhala wosewera basi. Sanafunike kusaka jenereta kapena kugulitsa matikiti. Kusiyana kwa iye ndi Mayi Chavula kwagona pamenepa koposa pa luso.

Pali chinanso chimene Magnani akuphunzitsa, chokhudza chinenero. Mphamvu yake inali m'kalankhulidwe ka kwawo, ndipo Sophia Loren, amene anabwera pambuyo pake, analandira Oscar mu 1962 pa La ciociara akulankhula Chitaliyana, kanali koyamba kuti mphoto imeneyi ipite kwa wosewera m'chinenero chosakhala Chingerezi. Kuno mwambo wa ATEM unasiya maganizo akuti nkhani yozama imakambidwa m'Chingerezi, Chichewa n'cha nthabwala. Zotsatira zake zimamveka m'mafilimu ambiri, mmene wosewera waluso amaoneka womangika chifukwa akulira m'chinenero chimene salirira kwawo. Anthu wamba anaweruza kale nkhaniyi: m'zisakasa za vidiyo, mafilimu odzaza anthu ndi a ku China, India ndi Nigeria omasuliridwa m'Chichewa ndi anyamata a m'matauni. Ndipo Amalawi ataonera The Boy Who Harnessed the Wind, chimene anakambirana kwambiri chinali katchulidwe ka Chichewa ka osewera akunja. Khutu la woonera limafuna mawu a kwawo, otchulidwa bwino.

Kuno ku Rumphi, kumene anthu amalankhula Chitumbuka, nkhani ya chineneroyi ili ndi mbali yake. Chitumbuka chinachotsedwa pa wailesi ya boma mu 1968 ndipo chinabwereranso mu 1994, moti m'badwo wathunthu unakula osamva sewero la pa wailesi m'chinenero cha amayi awo. Koma nkhani zoyenera kamera zilipo zambiri: kubwera kwa Mlowoka kuchokera kutsidya kwa nyanja, kumene mwambo wa Gonapamuhanya umakumbukira ku Bolero, Aphoka ndi ng'anjo zawo zosungunulira chitsulo, mabanja amene anasamutsidwa pamene nkhalango ya Nyika inakulitsidwa mu 1978, amayi a vimbuza, gule wochiza amene UNESCO inamuzindikira mu 2005. Malo nawo alipo. Chelinda, pa Nyika pomwepo, ali pamtunda wa mamita oposa 2,000, pakati pa mapiri a udzu okhaokha, nkhungu ya m'mawa, mbidzi ndi nchefu zikudya poyera, ndipo wojambula aliyense angasirire. Chovuta n'chakuti malo okongola sapanga filimu paokha. Kuchokera pa boma la Rumphi kudzera ku Bolero ndi chipata cha Thazima ndi ulendo wa makilomita oposa 100, mbali yaikulu msewu wafumbi, ndipo gulu la anthu makumi awiri lifunika galimoto zolimba, mafuta, chakudya, pogona ndi zofunda zokwanira chisanu cha Juni. Wina ayenera kukhala pansi n'kuwerengera zonsezo, n'kupeza wozilipira, kamera isanatuluke m'chikwama.

Ntchito yowerengerayo ndi imene Mayi Chavula anaiphunzira pambali pa kusewera, ndipo n'chifukwa chake mafilimu awo alipo. Zida zatsika mtengo kuyerekeza ndi mu 2009: foni yabwino ikujambula zithunzi zoonereka, ndipo YouTube ikufikitsa filimu kwa Amalawi a ku Johannesburg tsiku lomwe yatuluka. Mu 2021 Malawi anatumizanso filimu ku Oscar, Fatsani ya Gift Sukali, imene mwini nkhani wake ndi mtsikana. Aphunzitsi a m'sukulu za m'boma lino asalole makalabu a zisudzo kufa, ndipo atsikana a m'makalabumo asamangopatsidwa mbali zosewera. Apatsidwenso cholembera kuti alembe sewero, m'Chitumbuka ngati afuna, ndi buku la ndalama za kalabu kuti alisunge.